Chithunzi cha pa Masitepe a Fakitale

9 Okutobala

Bambo anga okondedwa,

Ndikhulupirira kalatayi ikupezani muli bwino, inu ndi mzime wathu. Kodi mwendo uja ukukuvutitsanibe mukamapalasa makina? Mundiuze zoona, osati zija za "tikulimba" zimene mumauza anthu kutchalitchi.

Ine ndinafika bwino ndipo sukulu yayamba. Tsiku lonyamuka munandifunsa kuti kwenikweni ndikukaphunzira chiyani, ine n'kungolira. Lero ndifotokoze. Ndikufufuza za anthu amene anachoka kwawo n'kudzakhazikika mumzinda uno: Ahindu, Asiki ndi Abuda. Funso langa ndi limodzi. Munthu akasamuka, chipembedzo chake amachinyamula bwanji? N'chiyani chimene amalola kuti chisinthe, nanga n'chiyani chimene amachiumirira zivute zitani?

Apulofesa ondiyang'anira anandithamangitsa mulaibulale. Akuti mabuku sathawa, koma nkhalamba zimafa. Ananditumiza ku fakitale ina yakale ya zovala, kuseri kwa njanji. Bambo, ndinkangoti ndasochera. Kunja kwake ndi njerwa zodetsedwa ndi utsi, mawindo ena otseka ndi matabwa. Koma m'katimo muli nyumba zopemphereramo zitatu. Pansi pali Ahindu, pakati Asiki, pamwamba Abuda. Sikuti anasankhana. Ndi malo okhawo amene mwini wake anawalola kusiya mulu wa nsapato pakhomo ndi kufukiza lubani.

Monga telala, mukanakonda kuona pansi pake. Mukayalula kapeti, mabowo amene anamangirapo makina osokera akuonekabe, mizeremizere mpaka kukhoma.

Mundilembere msanga. Ndasowa nkhani za kunyumba, ngakhale za makasitomala ovuta.

Mwana wanu.

4 Novembala

Chisamba changa,

Moni m'dzina la Ambuye. Kuno tili bwino. Mwendo ukulimba, ndipo si za kutchalitchi zimenezi. Mng'ono wako watenga ntchito yonse ya madiresi a ukwati, ine wandisiyira matalauza ndi zigamba. Akuti masitayilo anga anapita ndi nthawi.

Kalata yako ndaiwerenga. Sindikana kuti maphunziro ndi abwino, ndine ndinakuperekeza. Koma ndinkayesa anthuwo uzikawawerenga m'mabuku, monga dokotala amawerengera za matenda. Sindinadziwe kuti uzilowa m'nyumba zawo. Ukudziwa kuti ndine mkulu wa mpingo, ndipo anthu amayang'ana pakhomo panga asanayang'ane pawo.

Tsono undiyankhe mosabisa. Ukalowamo, umaimirira kapena umagwada? Kuvula nsapato sindikuletsa, Mose anavula. Koma bondo la munthu lili ndi Mwini wake mmodzi. Nanga iweyo ukupemphera kuti? Tchalitchi wachipeza, kapena wangothera ku fakitale?

Akuti kumeneko kuzizira kwake kumapha. Jekete lija ndinaika nsalu ziwiri m'kati, uzilivala ngakhale mng'ono wako akuti ndi la nkhalamba.

Bambo ako.

1 Disembala

Bambo,

Moni nonse kumeneko. Tchalitchi ndinachipeza pafupi ndi siteshoni, ndimapita. Ku fakitale sindigwada. Ndimakhala pansi chakumbuyo, mpango kumutu, n'kumaonerera ndi kufunsa. Jekete ndikuvala. Chipale chofewa chayamba kugwa, ndipo kunena zoona, la nkhalambali ndi limene likundisunga.

Ndikuuzeniko zimene ndikuona, chifukwa zikundilepheretsa kukhala chete.

Pamwamba pamakhala mmonke wa Abuda, nkhalamba yowonda, yometa mpala. Kwawo amonke amayenda m'misewu m'mawa uliwonse opanda nsapato, mbale m'manja, anthu n'kumawaikiramo chakudya. Iye atangofika kuno anayesa. Anthu anamukulunga m'bulangete n'kumutengera kuchipatala, poganiza kuti ndi wodwala wothawa. Masiku ano anthu ake amabweretsa chakudya asanapite kuntchito. Amandandalika m'mbali mwa chipinda ngati ali m'mphepete mwa msewu, iye n'kumayenda pang'onopang'ono kuchoka khoma ili kukafika khoma ilo, masokosi kuphazi. Ndinamufunsa ngati samva kuti anataya kanthu. Anati, "Ndinataya msewu basi. Njala ikadalipo, opatsa akadalipo."

Pansi, kwa Ahindu, zifanizo za milungu imene kwawo imakhala m'makachisi otalikirana zili m'chipinda chimodzi. Pali mayi wina wachikulire amene amasesa ndi kukonza maluwa. Iyeyo anandiseketsa. Akuti, "Kwathu milunguyi sinkayenderana. Kuno ikubwerekana nyale." Wansembe wawo ndi dalaivala wa basi, choncho mapemphero aakulu anawasamutsira Lamlungu. Moto wa nsembe amausonkha m'kambale, wina ataima pampando n'kumakupiza thaulo kuti kachipangizo ka padenga kasamve utsi n'kuitana ozimitsa moto.

Asiki alibe chifanizo n'chimodzi chomwe. Ali ndi buku lawo loyera, limene amalilemekeza ngati mphunzitsi wamoyo, ndipo ali ndi khitchini. Aliyense wobwera amadya, osafunsidwa dzina. Dzana ndinadya pakati pa loya ndi bambo wina amene amagona pasiteshoni, tonse pansi, mbale zofanana. Mkulu wawo, bambo wa nduwira ya buluu amene kale anali wowotcherera zitsulo, anandiuza kuti anakangana zaka zambiri pa nkhani ya benchi. Mwambo ndi kukhala pansi, koma mawondo a okalamba anakana. Mapeto ake anadula miyendo ya benchi kuti likhale lotsika kuposa pamene pamakhala buku.

Bambo, ndimabwerera kuchipinda changa ndili kakasi. Anthuwa anasiya nyumba, mitsinje, manda a makolo. Kuno ana awo akuiwala chilankhulo. Koma m'mawa uliwonse wina amadzuka kukatsegula chitseko chija.

Mzime andilembereko, kapena madiresi amumanga manja?

Mwana wanu.

9 Febuluwale

Mwana wanga,

Moni. Papita miyezi iwiri osamva za iwe, ndipo tsopano ndadziwa chifukwa chake.

Mlembi wa mpingo ali ndi mphwake mumzinda womwewo. Wamutumizira chithunzi chodula m'nyuzipepala. Ndachiona ndi maso angawa. Uli pa masitepe achitsulo, mpango kumutu, wopanda nsapato, wakumbatira fano pachifuwa ngati khanda. Kutsogolo kwako kuli amuna a nduwira. Wavala jekete langa.

Unandiuza kuti umangokhala kumbuyo n'kumaonerera. Woonerera sanyamula.

Sindinakulere kuti undinamize. Ukanandiuza poyera kuti mtima wako wapita kwina, ndikanalira, koma ndikanadziwa chimene ndikulirira. Mayi ako akanakhala moyo sindikudziwa ndikanawauza chiyani.

Siya maphunzirowo ubwere. Digiri ndi pepala, ndakhala zaka zonsezi popanda.

Bambo ako.

10 Febuluwale

Achemwali,

Moni. Muli moyo? Ngati muli moyo lembani, chonde, kuno kwavuta.

Ndaponya yangayi pamodzi ndi ya bambo, iwo osadziwa. Chithunzi chanu chayenda kuposa ndalama yakale. Azimayi a kwaya akubwera kushopu ati kudzayesa bulauzi, bulauzi yake kulibe, maso ali pa bambo. Ena akuti mwakwatiwa ndi wa ndevu uja ali kutsogolo kwanu. Ndinawauza kuti ngati zili choncho diresi ndisoka ine, koma palibe anaseka.

Zenizeni ndi izi. Akulu a mpingo aitanitsa msonkhano Lamlungu lachitatu la Malichi. Akufuna bambo aimirire anene pamaso pa anthu kuti zochita zanu akuzikana, ndi kuti dzina lanu lichotsedwe mumpingo. Akapanda kutero, ukulu uwathera. Mukudziwa kuti mpando umene uja anaukhala ife tisanayambe sukulu.

Sakudya bwino. Dzulo anasoka thumba la talauza mozondoka, n'kulisula, n'kulisokanso mozondoka. Chithunzicho anachiika pansi pa bokosi la mabatani. Akaona kuti ndatembenuka amachitulutsa.

Ine ndachiyang'ana bwinobwino. Nkhope yanu si ya mkwatibwi, si ya wopemphera. Ndi nkhope ija mumapanga mukanyamula ndowa yodzaza. Chinachitika n'chiyani, achemwali?

Mzime wanu.

3 Malichi

Bambo anga,

Moni. Ndatuluka m'chipatala dzana, n'kupeza makalata anu awiri pansi pa chitseko. Ndinadwala chibayo. Mphamvu sizinabwerere, mukhululuke zilembo.

Chithunzicho n'choona. Ndine. Koma mumve mmene zinayambira.

Linali Lachiwiri m'mawa, kuzizira kuposa masiku onse. Ndinapita kukacheza ndi mayi wamaluwa uja. Tili m'kati molankhula tinamva phokoso ngati mfuti. Paipi yaikulu ya m'khoma inali itaphulika. Madzi anatuluka mwamphamvu, ozizira ngati mpeni, ndipo posakhalitsa anafika m'mawondo. Wansembe anali pa basi yake. M'chipindamo tinalimo awiri.

Mayiyo sanathawe. Anaima pakati pa madzi, manja m'mutu, kuyang'ana zifanizo zija. Ine ndinathamangira pamwamba kukaitana Asiki amene ankaphika. Anatsika onse, ufa uli m'manja. Wina anazimitsa magetsi. Mayi uja anagwira mkono wa mkulu wawo n'kupempha kuti zifanizozo zikwere kwa iwo.

Bamboyo anati, "Mayi, mukudziwa kuti ife sitigwadira zifanizo. M'chipinda cha buku sizingalowe."

Mayiyo anayamba kulira. Ine mumtima ndinati, basi, apa ndiye pathera ubale wa m'fakitale muno. Koma bamboyo anatembenukira anzake n'kunena kuti, "Kunyamula si kugwada. Vulani nsapato, eni ake sazigwira atavala nsapato."

Bambo, anavula. Amuna a imvi, m'madzi oundana aja. Anazula chitseko n'kuchisandutsa machira, n'kumanyamulirapo zifanizo zamwala chimodzichimodzi. Masitepe a m'kati anali atamira, choncho tinadzera a kunja, achitsulo, okutidwa ndi chipale. Mmonke anali ataima kale pamwamba, chitseko chili pululu, mphasa yake atapinda. Analoza chifanizo cha Buda n'kunena kuti, "Lowetsani. Mwini chipinda salankhula, sakana."

Chinatsala chimodzi, chaching'ono, chamkuwa. Mayi uja anayesa kuchinyamula koma zala zake zinali zitauma. Anandiyang'ana. Ndinati, "Mayi, ine ndine Mkhristu." Anati, "Sindinakufunse zimenezo. Manja uli nawo?"

Ndinavula nsapato n'kuchitenga. Pa masitepe mayiyo anali kumbuyo kwanga, atagwira jekete lanu kuti asagwe. Anandiuza kuti chifanizocho anabwera nacho mayi ake m'sutikesi, atachikulunga m'zovala, ndipo kuti chilowemo anasiya bulangete, pobwera kudziko lozizira chonchi. Wa nyuzipepala anatijambula pamenepo. Sindinamuone n'komwe.

Tinafika pamwamba tonse. Zifanizo zinali zitandandalikidwa kukhoma, zikudontha. Mayiyo anayatsa kanyale kamodzi. Mmonke anayamba kung'ung'uza pemphero lake chapansipansi. Asiki sanalowe, anaima pakhomo, mapazi ofiira, nthunzi ikufuka pa zovala zawo. Mmodzi wa iwo ankayendetsa milomo, akunena pemphero lakelake. Palibe anasiya chake, palibe anatenga cha mnzake. Ine ndinapezeka ndikunena Atate Wathu mumtima. Sindinagwade, bambo. Ndawerenga mabuku ambiri a nkhani imeneyi, koma mpaka lero sindikudziwa kuti chimene ndinaona ndichilembe bwanji.

Patapita masiku ochepa ndinakomoka m'kalasi. Kuchipatala ankasinthana kudzandiona. Asiki ankabweretsa chakudya chokwana wodi yonse. Tsiku lina malungo atakula, mayi wamaluwa anapempha Baibulo kwa nesi. Iye maso ndi ofooka, choncho anakakamiza wansembe wawo, ali mu yunifolomu ya basi, kuti andiwerengere Masalimo. Anawerenga mopunthwapunthwa, mayiyo akumukalipira kuti akweze mawu.

Mzime wandiuza za msonkhano. Zandipweteka kuti mtolo wanga wagwera inu. Sindikufuna kusiya ntchitoyi, ndikuona kuti ndi imene ndinabadwira. Koma mukawerenga zonsezi n'kunenabe kuti ndibwere, ndibwera.

Mwana wanu.

24 Malichi

Achemwali,

Moni, ndipo pepani ndi matenda. Chifuwa chasiya? Mukudya?

Kalata yanu inafika Lolemba. Msonkhano unali Lamlungu. Yangochedwa ndi tsiku limodzi, ndinatsala pang'ono kumumenya nayo wa positi.

Ndikuuzeni mmene zinathera. Anthu anadzaza ngati pali ukwati. Mlembi anakweza chithunzi m'mwamba, kenako abusa anaitana bambo. Anaimirira atavala suti yakuda ija. Ine ndinkayembekezera kuti akukanani, chifukwa kunyumba dzina lanu sankalitchula.

Anati, "Chithunzichi chandipweteka kuposa aliyense muno. Fano ndilikana lero, ndidzalikana mawa. Koma mwandipempha kuti ndikane mwana, ndipo mwanayo sanalankhule. Milandu yonse imene ndaweruza nawo pampando uwu, mwini wake ankakhala pamaso pathu. Wangayu ndiye tiweruze pepala?"

Mlembi anati mpingo sungadikire positi. Bambo anati, "Ndiye musadikire. Ndidikira ndine." Anatenga Baibulo lawo ndi chipewa, n'kuyenda kanjira konse ka pakati mwendo ukukoka, mpaka benchi lomaliza, pafupi ndi chitseko. Ine ndinalira mokweza mpaka mayi wina anandipatsa mpango.

Ukulu wapita. Dzina lanu sanalichotse, anasowa woyambitsa.

Kalata itafika anatseka shopu masana dzuwa likuswa mtengo, chinthu chimene sindinachionepo. Anaiwerenga ali pa makina. Atafika pa wansembe wa basi anavula magalasi. Ndinawauza kuti tipite nayo kwa abusa, mpando ubwerere. Anakana. Akuti kalata ya mwana wawo si chiphaso.

Mzime wanu.

14 Epulo

Chisamba changa,

Moni m'dzina la Ambuye. Ndamva kuti wachira. Ndithokoza Mulungu, ndipo undithokozere mayi wamaluwa, wansembe wa basi, ndi amuna aja anaphika. Uwauze kuti telala wina wakutali wavula chipewa.

Ndinakulembera mawu olemera uli pabedi la chipatala. Ndinati wandinamiza. Sunandinamize. Usabwere, maliza ntchito yako.

Usaganize kuti ndasintha. Mulungu wanga sakwera masitepe m'manja mwa munthu. Koma mawu a bambo wa nduwira uja andikhala m'mutu. Ndakhala ndikudzifunsa kuti ndikanakhala ine pamenepo, nsapato ndikanavula? Sindikudziwa, ndipo kusadziwako kukundichititsa mantha.

Tsono ndikuuze za benchi lomaliza. Zaka zonsezi ndinkakhala kutsogolo, ndinkayesa mpingo wanga ndimaudziwa. Kumbuyo kuno kuli mpingo wina. Kuli ochedwa, kuli ogona, kuli othawa mapemphero asanathe. Ndipo kuli banja lina, bambo, mayi ndi ana aakazi awiri, alendo ochokera kudziko limene kuli nkhondo. Akuti akhala akubwera kuyambira chaka chatha. Ine mkulu wa mpingo sindinawaonepo. Chilankhulo chathu sachimva. Amalowa mwakachetechete, amatuluka osapatsidwa moni.

Lamlungu lapitali tikuimba nyimbo yotsekera, ndinamva chinthu chachilendo pambali panga. Ndinasiya kuimba kuti ndimvetsere. Mwana wanga, ankaimba nafe. Maimbidwe omwewo, osaphonya, koma mawu ake a kwawo. Ankaimba motsitsa kwambiri ngati akuba. Mayiyo anali atatsinzina, misozi ikuyenderera, ana akutsatira milomo yake. Nyimbo imene ndaiimba chibadwire, ndinkayesa ndi yathu, ndipo inali itawoloka malire pamsana pa anthu awa, n'kudzakhala pambali panga.

Titatuluka ndinawagwira chanza. Bamboyo anagwira dzanja langa ndi manja ake onse awiri, osafuna kulisiya. Ndawaitana kunyumba Loweruka, ndi manja, ndipo ndikuganiza kuti amva.

Ndili ndi zambiri zoti ndiwafunse, koma ndikuopa kuwakhumudwitsa. Iwe ndi ntchito yako imeneyi. Undilembere msanga, undiuze: munthu amene anasiya zonse kwawo, umayamba ndi kumufunsa chiyani?

Bambo ako.